Chisankho chapadera kapena chachibwereza?

Funso: Ndimakonza nkhani zakunja pa wayilesi ina. Ku New South Wales, m'dziko la Australia, phungu atatula pansi udindo anthu a m'dera lake anakavotanso. Kodi chimenechi n'chisankho chachibwereza?

Yankho: Ayi, nenani kuti chisankho chapadera. Chachibwereza chimabwera choyamba chikathetsedwa, monga zinachitikira kuno kwathu khoti litakana zotsatira za chisankho cha pulezidenti cha 2019, anthu n'kukavotanso pa 23 June 2020. Ku Willoughby, dera la ku New South Wales lomwe phungu wake anali Gladys Berejiklian, kunalibe chothetsedwa. Mayiwa anapambana bwinobwino mu 2019, ndipo mu October 2021 analengeza okha kuti akusiya utsogoleri wa boma la New South Wales pamodzi ndi uphungu. Mpando utatsala wopanda mwini, pa 12 February 2022 anthu anasankha Tim James kuti amalize nthawi yotsalayo. Atolankhani ambiri amasakaniza mawu awiriwa, koma ine sindivomereza, chifukwa womvera akangomva zachibwereza amaganiza kuti wina anabera mavoti.

Tsiku lomwelo anavotanso m'madera ena atatu a ku New South Wales: Bega, Monaro ndi Strathfield. Mukaphatikiza onse, nenani zisankho zapadera zinayi. Mukakonda masankho, akhale masankho apadera anayi. "Masankho zapadera" n'Chichewa chothyoka.

Funso: Kungoti "watula pansi udindo" n'kokwanira?

Yankho: Tchulani udindo wake. Nduna ikhoza kutula pansi unduna n'kukhalabe phungu, ndipo zikatero palibe chisankho chilichonse. Chimene chimabweretsa chisankho n'kusiya uphungu. Musati "wachotsedwa" kwa munthu amene wachoka yekha, ngakhale mukudziwa kuti anzake a m'chipani anamupanikiza. "Wapuma" muwasiyire okalamba pa ntchito.

Funso: Nanga New South Wales ndiitche boma kapena chigawo?

Yankho: Boma lisokoneza, poti wina amva ngati Dedza kapena Zomba, wina amva olamula dziko. Chigawo ndiye chabwinoko, koma zigawo zathu zitatu zilibe aphungu awoawo, choncho mukachitchula koyamba onjezerani kuti chili ndi nyumba yake ya malamulo ku Sydney, yosiyana ndi ya dziko lonse ku Canberra. Kumene phungu akuimira, monga Willoughby, muzikutchula dera.