Ndilembe ndalama zingati pa inshulansi ya zaumoyo ku America?

Funso: Achimwene, ndili ku Indiana, ndimasamalira okalamba koma mashifiti amasinthasintha. Pa HealthCare.gov, webusaiti ya boma yogulirapo inshulansi, akufunsa ndalama zanga za pachaka kuti andichepetsereko mtengo wa inshulansi, ndiye ndilembe zingati poti sizidziwika?

Yankho: Achemwali, iwo akufuna zomwe mukuyembekeza kupeza chaka chimene inshulansiyo izigwira ntchito, osati za chaka chatha, ndiye muphatikize ovataimu yomwe komanso za bambo akunyumba ngati muli pabanja, poti okwatirana amafunika kulembera msonkho limodzi kuti awachepetsere mtengowo. Sabuside, ndalama yokuchepetserani mtengoyo, amaiwerengera poyerekeza ndalama zanuzo ndi mtengo wa pulani ya Silver (gulu lina la mapulani a inshulansi) yachiwiri kutchipa kwanuko. Osachepetsa dala ayi! Nthawi yamsonkho mudzadzaza Form 8962, fomu yowerengera sabusideyo, zikadzaoneka kuti munapeza zambiri mudzabweza ndalama ku IRS, bungwe lotolera misonkho, zowawatu zimenezo. Mashifiti akachuluka lowaninso mukasinthe msanga.