Mtsikana wanuyo azilipira nthano iliyonse imene wakamba

Achemwali, mwati mukulemba buku la dziko lamatsenga limene chilichonse chokambidwa ngati nthano chimasanduka chenicheni. Mwatinso mwafika pakati koma nkhani yaima, poti vuto lililonse limene mtsikana wanu wakumana nalo amangolithetsa pokamba nthano ina. Ganizo la bukulo ndi labwino, musalitaye. Chimene chalakwika n'choti mphamvuyo mwamupatsa yaulere.

Taganizani ngati wowerenga. Adani azinga mudzi, mtsikana atsegula pakamwa, adaniwo asanduka mbalame n'kuuluka. Ulendo woyamba tisangalala. Ulendo wachiwiri mtima sugundanso, chifukwa tadziwa kale kuti palibe chingamuchitikire. Matendawa ndi akale kwambiri. M'masewero a Agiriki, nkhani ikakola, ankatsitsa ndi chimakina munthu wovala ngati mulungu kuti adzathetse zonse. Aristotle, katswiri wa nzeru zakuya wachigiriki, m'buku lake la Poetics la cha m'ma 335 BC, anatsutsa zimenezi, n'kunena kuti mathero azichokera m'nkhani momwemo. Pakali pano pakamwa pa mtsikana wanu ndiye chimakinacho.

Ndiye muyambe ndi malipiro. Walira mvula walira matope. Akakamba kuti mtsinje wouma wadzaza, madziwo achokere kwinakwake, mwina chitsime cha anthu a kutsidya chiphwe usiku womwewo. Olemba ena angasankhe kuti wokambayo aziiwala chinthu chimodzi cha moyo wake pa nthano iliyonse, ndipo izinso zimagwira mtima. Koma ine ndikanasankha njira yoyambayo, chifukwa imakubalirani adani amene ali ndi chifukwa chomveka chomudera. Mdani amene mwana wake anafa ndi ludzu chifukwa cha chifundo cha mtsikanayo ndi woopsa kuposa mfiti yongobadwa yoipa, ndipo wowerenga adzavutika kusankha mbali.

Funso lina limene simunalitchule, koma ndikuona kuti buku lonse lagona pamenepo, ndi lakuti: nthanoyo imagwira ntchito akamva ndani? Ngati munthu angathe kunong'oneza yekha m'chipinda dziko n'kusintha, mulibe nkhani. Koma ikamafuna omvera, ndiponso omverawo aikhulupirire, zinthu zimayamba kuyenda zokha. Mfumu ya m'dzikomo idzaletsa anthu kusonkhana. Idzalemba ganyu akatswiri a pakamwa kuti m'mawa uliwonse azikamba kuti ufumu wake ulibe chiyambi. Wabodza wa lilime lotsekemera adzakhala ndi mphamvu kuposa wachibwibwi wonena zoona, ndipo ndikanakhala inu, wachibwibwiyo ndikanamuika pafupi kwambiri ndi mtsikanayo. Ana, poti amakhulupirira msanga, adzasanduka chuma cholimbirana. Mwaona kuti lamulo limodzi lokha lakupatsani ndale, nkhondo ndi umbava, inu osavutika.

Kenako mugamule zimene zimachitika nthano ziwiri zikawombana. Wina akuti phiri lili kum'mawa, wina akuti silinakhaleko. Ipambane ya omvera ambiri? Kapena malowo ang'ambike, kukhale dera limene zonse ziwiri ndi zoona ndipo wolowamo amasokonezeka mutu? Yankho lililonse ndi lotheka, bola musalisinthe pa chaputala 20 chifukwa chakuti mwapanikizika. Muganizirenso ngati alipo okumbukira dziko mmene linalili lisanasinthidwe. Munthu mmodzi yekha wokumbukira kuti anali ndi mlongo, pamene ena onse akuti sanakhale naye, akhoza kunyamula theka la buku.

Za akufa musamale. Owerenga adzafunsa msanga chifukwa chimene mtsikanayo sakuukitsa mayi ake. Mungangoti n'zosatheka, koma pali njira yopweteka kuposa imeneyo. Amuukitse ndithu, koma mayiyo abwere ndi zokhazo zimene zinatchulidwa m'nthanoyo. Mwana anati mayi anga anali okoma mtima, ndiye abwera okoma mtima basi, osakalipa, osatopa, osadziwa dzina limene ankamutchula ali wakhanda chifukwa iye anaiwala kulikamba. Pamenepo mtsikanayo aphunzira malire a mphamvu yake popanda wina kumulalikira.

Malamulo onsewa muwalembe papepala lanulanu, musawakhuthulire m'chaputala choyamba. Wowerenga safuna kalasi. Lamulo alione likuluma munthu, adzalimvetsa yekha. Ndipo nthano zimene mtsikanayo amakamba muzilembe zenizeni, zazifupi koma zokoma, osangoti "anakamba nthano yodabwitsa ndipo mvula inagwa". Buku lonena za mphamvu ya nthano likabisa nthanozo, owerenga amaona kuti mwawabera.

Musayambirenso buku lonse. Bwererani pamalo pamene mtsikanayo anagwiritsa ntchito mphamvuyo koyamba, muonjezere tsamba limodzi losonyeza amene anavulala nayo, ngakhale iye mwini asakudziwa. Kuchokera apo muwerenge machaputala otsatira muli ndi pensulo m'manja, muzichonga paliponse pamene wapulumuka osalipira. Ena mwa malo amenewo muwafufutiratu, ena asanduka ngongole zimene adzazipeza zikumudikira chakumapeto. Mukakonza chaputala choyambacho mutitumizire, tidzaone ngati malipirowo akupweteka mokwanira.