Kwa amayi amene afunsa za kiliniki yosunga ambuya awo

Amayi, pepani kwambiri ndi zimene mwapezazo. Kwa amene simunaone meseji yawo mu gulupu muno chifukwa yakwiririka ndi zithunzi za maluwa za m'mawa zija, akuti ambuya awo anadwala sitiroko ndiye anawagoneka pa kakiliniki kena ka pulayiveti muno mu Chipata kolipira pa sabata, atapita kukawaona anapeza zilonda kumsana, zofunda zonyowa ndi mkodzo, komanso bokosi la mankhwala deti yake inapita kale. Akufunsa kuti akanene kuti, kapena angoponya dzina la malowo pa Facebook anthu adziwe.

Ambuyawo achotseni kaye, lero lomwe ngati mungathe, zamakalata zibwera pambuyo. Zilonda zimenezo sizibwera zokha ayi, zimabwera munthu akagonera mbali imodzi nthawi yaitali popanda womutembenuza, ndipo wodwala wosatha kudzitembenuza yekha amafunika kutembenuzidwa pafupifupi maola awiri alionse, usiku womwe. Pa khungu lathuli kufiira sikuoneka bwino, mumangoona pamalo pada kuposa pena, potentha mukagwira, makamaka pa fupa la kumapeto kwa msana, m'chiuno ndi pa zidendene. Pakaboola pamalowa mkati mpaka kufika fupa ndipo matenda akalowa m'magazi munthu wokalamba sachedwa kupita. Apititseni ku chipatala cha boma, kaya muyambire ku kiliniki ya m'dera lanu kuti akutumizeni ku Chipata Central Hospital, ndiye mumuuze amene awaonayo kuti alembe bwinobwino m'khadi kukula kwa zilondazo ndi tsiku. Zolemba za m'khadizo ndiye umboni wanu waukulu kuposa mkwiyo wanu wonse.

Musanawanyamule jambulani ndi foni. Zilonda jambulani koma nkhope ndi maliseche a ambuya zisaoneke, bokosi la mankhwala jambulani mbali ija yolembedwa EXP, pa deti yothera mphamvu, pamodzi ndi nambala ya batch, bedi, ma risiti onse amene munalipira, ndipo mukamatuluka yang'anani pakhoma la pa risepushoni. Kiliniki yovomerezeka imayenera kupachika layisensi yake poonekera ndipo imakonzedwanso chaka ndi chaka, ndiye onani chaka chimene chalembedwapo chifukwa ena amapachika yakalekale mu fulemu yokongola podziwa kuti palibe amene amawerenga. Ngati palibe chilichonse pakhoma funsani mwaulemu chabe kuti layisensi ili kuti, mumve zimene ayankhe.

Manje kokanena. Amene amapereka layisensi kwa zipatala ndi makiliniki muno mu Zambia ndi a Health Professions Council of Zambia, HPCZ, likulu lawo lili ku Lusaka, ndi omwe kale ankatchedwa Medical Council lamulo la 2009 lisanabwere. Iwowa ndi amene mwini kiliniki amawaopa zenizeni chifukwa amatha kutumiza ma insipekita, kutseka malo, ndi kuitana dokotala kapena clinical officer ku komiti yawo ya mwambo mpaka kumulanda chilolezo chogwirira ntchito. Ndipo mukhoza kuwafunsa ngati uja aliyense akumutcha adokotala pamalopo ali m'kaundula wawo, kaili masiku ano jasi yoyera imagulidwa ndi ku salaula komwe.

Ma nasi ali ndi bungwe lawolawo, Nursing and Midwifery Council of Zambia, lija tinkalidziwa kuti General Nursing Council lisanasinthe ndi lamulo la 2019. Ngati amene ankasiya ambuya m'mkodzo ndi nasi, kapena ndi mtsikana chabe wovala yunifolomu amene sanapiteko ku sukulu ya unamwino koma akubaya anthu jekeseni, nkhaniyo ndi yawo. Za mankhwala otha deti ndi za ZAMRA, bungwe la boma loyang'anira mankhwala. Kalata ikhoza kukhala imodzi yomweyo, mungosintha pamwamba pamene mwalemba kumene ikupita.

Koma ine ndinganene kuti musadikire Lusaka yokha. Tengani kope la kalatayo mukasiye ku ofesi ya zaumoyo ya boma la Chipata kwa a District Health Director, ndipo ofesi ya zaumoyo ya chigawo chonse cha kum'mawa ilinso muno momwemo mu tauni, awa ali pafupi ndipo akhoza kufika pamalopo msanga. Mukapereka auzeni akudindireni sitampa pa kope lanu lotsala nalo, ndi deti. Popanda sitampa mawa mudzamva kuti kalata yanji, sitinaione, ndipo simudzakhala ndi choyankha. Za zimbudzi, khichini ndi kumene amataya ma singano ndi mabandeji, a public health a ku Chipata City Council nawonso ndi ntchito yawo.

Kalembedwe kake nkofunika kwambiri, anthu ambiri amaonongera pano. Musalembe kuti anthu aja ndi mfiti, alibe mtima, Mulungu adzawalanga, zimenezo tisiyireni ife mu gulupu muno. Lembani dzina lanu ndi nambala yanu, dzina la malowo ndi pamene ali, tsiku limene ambuya analowa ndi mmene analili polowa, kuti analibe chilonda chilichonse, tsiku limene munapeza zilonda, amene munalankhula naye ndi zimene anakuyankhani, ndalama zimene munalipira. Zimene munaona ndi maso anu zokha. Zimene anakuuzani a bedi loyandikana lembani kuti ndinauzidwa. Tsamba limodzi likwana, zithunzi ndi ma risiti muphatikize kumbuyo, ndipo muzipereka ma fotokope, zenizeni zikhale kunyumba. Kudandaula osatchula dzina lanu nkotheka koma akafuna kufunsa zambiri sadziwa wofunsa, nkhani imangozizira.

Ngati ambuya akukuuzani kuti ankamenyedwa, kumangidwa pa bedi, kumanidwa chakudya kapena kuwabera ndalama, apo si za layisensi zokha, ndi mlandu wa polisi. Pitani ku Victim Support Unit, adzakupatsani fomu ya medical report yokadzazitsa kuchipatala. Osanena kuti ambuya asokonezeka mutu ndi sitiroko ndiye akungoyankhula, ena zoona amasokonezeka koma mabala pa mikono sasokonezeka.

Za Facebook ine ndikuti ayi, pakali pano. Mukangoponya, mwiniwake usiku womwewo atentha mankhwala aja, achapa zofunda, apenta khoma, insipekita pofika apeza malo onunkhira Jik ngati nyumba yoyembekezera apongozi. Kachiwiri akhoza kukusumirani kuti mwamuipitsira dzina, ndiye inu amene munalakwiridwa ndi amene muziyenda ku khoti. Komanso zithunzi za thupi la ambuya zikalowa pa intaneti sizibwereranso, adzukulu adzaziona.

Wina pansi pa meseji ija anafunsa kuti nanga ngati si kiliniki koma nyumba yosungira okalamba kapena ana amasiye. Apo muyambire ku ofesi ya Social Welfare pa boma, ili pansi pa Ministry of Community Development and Social Services, kaya muli ku Katete, Lundazi, Petauke kapena Chadiza ofesiyo ilipo. Malo osungira ana amayendetsedwa ndi Children's Code Act ya 2022, ndipo ngati mwana akuzunzidwa imbani 116, ndi yaulere, simufunika thokutaimu. Mwana akagwiriridwa osadikira kalata iliyonse, kuchipatala pasanathe maola 72 kuti alandire mankhwala oteteza ku HIV.

Ndikuuzeninso kuti musadzakhumudwe, mabungwe a layisensiwa sabweza ndalama zanu, ntchito yawo ndi kulanga ndi kutseka. Ngati mukufuna chipukuta misozi imeneyo ndi njira ina, ya ku khoti, ndipo ngati za loya simungakwanitse kafunseni ku Legal Aid Board. Komanso zinthuzi zimayenda pang'onopang'ono, ndiye pakapita masabata awiri kapena atatu imbani mufunse pamene nkhani yafika, mulembe dzina la amene wakuyankhani, kenako imbaninso.

Ndipo konzekerani alendo. Mwini malowo akangomva kuti mwalemba kalata adzabwera pakhomo, mwina ndi abusa kapena ndi wachibale wanu amene amadziwana naye, muno mu Chipata tonse timadziwana, adzati tikambirane zapachibale, tikubwezerani ndalama zonse mungokachotsa dandaulo. Ndalamazo ndi zanu, landirani ngati mukufuna, ambuya akufunika mabandeji ndi ma pampasi. Koma osasaina pepala lililonse limene simunawerenge mpaka pansi, ndipo kalata ija isiyeni kumene ili, pa mabedi ena aja pakadali anthu amene abale awo ali ku Lusaka ndi ku Copperbelt, amangotumiza ndalama pa foni n'kumauzidwa kuti odwala ali bwino.