Kwa achimwene a ku Nchalo amene mwasokonezeka ndi C200, E250, GLA ndi ML

Achimwene, ndaona funso lanu lija loti mwasunga kandalama mukufuna Benz yanu yoyamba koma mukatsegula ma site a ku Japan mukungoona B180, C200, E250, GLA180, ML350 mpaka mutu kuima, ndiye mwati mumakhala ku Nchalo, ku Blantyre mumakwera pafupipafupi komanso kumudzi ndi ku East Bank. Anthu mu ma comment akungoti gulani Toyota basi. Sakunama ayi, koma si zimene mwafunsa, munthu akafunsa mtengo wa mbuzi sitimamuuza za usipa. Ine C200 ndayenda nayo zaka 4 ndili ku Ngabu konkuno ndiye ndiloleni nditalikitseko pang'ono, amene sakonda kuwerenga angodutsa.

Dzina la Benz musamaliwerenge lonse pakamodzi, liduleni pawiri. Chilembo chimakuuzani thupi la galimoto, nambala imakuuzani za injini. A ndi B ndi timagalimoto ting'onoting'ono ta mtauni, timakoka ndi matayala akutsogolo. C ndiye saluni yoyambira, E ndi mkulu wake, yotakasuka kumbuyo komanso yofewa pamsewu, S ndi ya mabwana aja amakhala kumbuyo nkumawerenga nyuzi wina akuyendetsa. Zitatu zimenezi zimakankha ndi matayala akumbuyo pokhapokha kumbuyoko atalemba 4MATIC, apo ndiye kuti matayala onse anayi amagwira ntchito. Zikayamba ndi GL ndiye kuti ndi zazitali zija, ndipo chilembo chachitatucho chimakuuzani msinkhu wake, GLA ndi msinkhu wa A, GLC wa C, GLE wa E, GLS wa S. Ndiye ML mwaiona ija musamaiyese ina yapadera, ndi GLE yomweyo, anangoisintha dzina mu 2015. G yokhayokha, yabokosi ija, ndi ina nkhani, anayamba kuipanga mu 1979 ku Graz ku Austria ndipo mtengo wake inu ndi ine tingoiwonera pa Facebook.

Pa nambala ndi pamene anthu ambiri amapusitsika. Kale C200 inkatanthauzadi injini ya malita 2, koma masiku ano nambalayo imangokuuzani kuti iyi ndi yamphamvu kuposa iyo. C200 Kompressor yanga injini yake ndi 1.8. E250 CGI mwaiona ija, ngati ili ya 2010 kapena 2011, nayonso ndi 1.8 yomweyo koma ya turbo, ndiye mukamva 250 musaganize kuti mwapeza chilombo cha 2.5. ML350 ya petulo ndi V6 ya 3.5, pomwe ML350 ya dizilo ndi 3.0, dzina limodzi injini ziwiri zosiyana. Izi nzofunika kuzidziwa chifukwa a MRA powerengera msonkho amayang'ana kukula kwa injini ndi zaka za galimoto, sayang'ana zolemba pa buti. Mukaona CDI, BlueTEC kapena ka d kakang'ono kumapeto ndiye kuti ndi ya dizilo. Kompressor ndi CGI ndi za petulo.

Koma chimene ndikanakonda wina akanandiuza ndisanagule ndi ichi, C200 si galimoto imodzi. Pali C200 ya 2003, ya 2009, ya 2016, zonse kumbuyo alemba chimodzimodzi koma sipeya zake zambiri sizilowana. Amakaniko enieni a Benz safunsa kuti ndi C chani, amafunsa kuti ndi W chani. W203 ndi ya 2000 mpaka 2007, ija ya magetsi ngati mtedza. W204 ndi ya 2007 mpaka 2014, yamakonakona, ndiye yadzaza mu Blantyre muja. W205 inayamba 2014. Ku E nako, W211 ndi ya 2002 mpaka 2009, W212 ya 2009 mpaka 2016. Nambala imeneyi mumaipeza pa chassis number, mukadumpha zilembo zitatu zoyamba, mwachitsanzo WDD204. Mukamaimbira munthu wa sipeya ku Limbe kapena mukutuma wina ku Joni, mupatseni chassis number yonse, osangoti ndikufuna mabushi a C200, akubweretserani zina mudzangoziika pa windo. Ubwino wa C-Class ndi woti imapangidwanso ku East London ku South Africa, ndiye sipeya zake, zatsopano ndi zophwasula zomwe, zimapezeka msanga kusiyana ndi za abale ake.

Kenako pali mawu aja Classic, Elegance, Avantgarde, AMG Line. Awa ndi zovala chabe. Pa W204, Elegance imakhala ndi kanyenyezi koimirira pa boneti, Avantgarde imakhala ndi chinyenyezi chachikulu pa grill, ma rim okulirapo ndipo imakhala yotsika pang'ono. AMG Line kapena AMG Sport package ndi mabampa, ma rim ndi chiwongolero, injini ndi yomweyo, musalole wina akukwezereni mtengo ati ndi AMG. AMG yeniyeni ndi ngati C63 ya V8 ya 6.2, imeneyo kukakhala mizere ya mafuta mukhoza kumagona pa filling station.

Tsono tibwere kuno kuchigwa, chifukwa anzathu a ku Area 47 akamakulangizani saganiza za msewu wathu. Zovala zomwe zimakongoletsa galimoto ku tauni ndi zomwe zimakulizani kuno. Yanga ndi Avantgarde, ndinaisankha dala chifukwa cha chinyenyezi chija, ndipo sindinakhutire ndinakaikanso ma rim a 18 ndi timatayala topyapyala. Tsiku lina ndikuchokera ku Bangula chakumadzulo, dzuwa lili m'maso, ng'ombe zinangotulukira kumanzere ine nkukhotera kumanja, kumeneko kunali dzenje. Phokoso lake ngati wina wamenya mgolo. Nditatsika ndinapeza tayala latupa chibuthu pambali ngati dzira, rim yapindika, mphepo ikutuluka pang'onopang'ono ndikuimva ndi khutu, ana oweta ng'ombe aja angondizungulira akuti abwana yaphulika. Vuto linali langa, galimoto inabwera ndi ma rim a 17 abwinobwino. Pano ndili pa 16, tayala lonenepa, sikongola ngati kale koma mahampu a pa Dyeratu ndi pa Nchalo ndimadutsa osagwira mtima. Ndiye mukamasankha, Classic kapena Elegance ya ma rim a 16 kuno ndi yabwino kuposa ya AMG Line, ndipo muonetsetse kuti mu buti muli tayala la sipeya chifukwa zatsopanozi zina zimabwera opanda.

Chachiwiri ndi kutentha. Mu Okutobala ndi Novembala kuno timadutsa madigiri 40 ndipo mukamapita ku Blantyre, mukangowoloka Kamuzu Bridge nkudutsa pa Thabwa, galimoto imayamba kukwera phiri lija ili ndi AC, mwina kutsogolo kuli thiraki ya shuga ikukwawa. Pamenepo ndi pomwe mumadziwira ngati radiator, fan, thermostat ndi water pump zili bwino. Benz yakale ili ndi mapulasitiki ambiri mu injini ndipo kutentha kumawaumitsa. Ikangofika kuchokera ku Dar musathamangire tint ndi ma speaker, yambani mwasinthitsa coolant, osati madzi a pa mjigo amchere athuwa, ndipo oyilo akhale wolembedwa MB 229.5 pa botolo ngati ili ya petulo. Ine makaniko wina, sinditchula dzina, anandithirira oyilo wa mu dramu yemwe amathira mu minibasi, ndinazindikira nditafika kunyumba nditaona risiti, mawa lake ndinakakhetsa yense. Injini ya 1.8 ija, amaitcha M271, imadziwika ndi nkhani ya timing chain, ndiye mukamayesa galimoto muilize m'mawa ili yozizira, mukamva kulira kwa tcheni masekondi oyambawo dziwani kuti pali ndalama ina ikudikira. Potsika phiri lomwelo gwiritsani magiya, kankhirani ndodo ya giya kumanzere itsike pa 3 kapena 2, osangodalira mabuleki mpaka kununkha.

B180 ndi A170 zakale zija mwaziona zotchipa kwambiri, pali chifukwa. Za 2005 mpaka 2011 zili ndi giyabokosi ya CVT yomwe ikayamba kuvuta okonza ndi ochepa, ndipo injini anaigoneka mopanikiza moti kantchito kakang'ono kamafuna kumasula zambiri. Zisiyeni. E-Class ya W211 yoyambirira, ya 2002 mpaka 2006, ili ndi mabuleki a magetsi otchedwa SBC, pampu yake ikatha si ya masewera. Imeneyonso ndingailambalale. W212 ndi galimoto yabwino zedi, ulendo wa ku Lilongwe mumafika msana uli bwino, koma ndi yaitali, yolemera, ndipo chilichonse chake chimakwererapo mtengo kuposa cha C.

Nkhani ya kumudzi ija ndi yomwe ikundivuta. Msewu wa ku East Bank mumaudziwa kuposa ine, nthawi ya mvula mitsinje yochoka m'mapiri a Thyolo imangodutsa pamsewu, ndipo tonse tinaona zomwe namondwe Ana anachita mu Januwale 2022 ndi namondwe Freddy mu Malichi 2023, ngakhale M1 yeniyeniyo inaduka. C kapena E kumeneko mu Febuluwale musayerekeze, yokankha ndi kumbuyo ikalowa m'matope amakande imangovina malo amodzi, komanso Benz ili ndi makompyuta pansi pa makapeti, madzi akangolowa mkati mwayamba kuona magetsi a mitundu yonse pa dashboard. Ndiye mwina mukuti basi nditenge GLA poti ndi yaitali. Ayi achimwene. GLA180 ndi A-Class yovala gambutsi, injini 1.6 kapena 1.3, imakoka ndi kutsogolo kokha, kutalika kwake nkongokwanira kukwera pa pavement ku Chichiri. GLC ndiye yabwinoko, inayamba 2015 pa maziko a C-Class, koma mtengo ndi duty yake zikadali kumwamba. Mukaona GLK yotchipa ku Japan yang'anitsitsani zithunzi, imeneyo sanaipangepo ya chiwongolero cha kumanja, ndipo ku Japan Benz za left hand zilipo zambiri ngakhale za C ndi E, anthu amangoona mtengo osaona mbali ya chiwongolero. Kupitirira thirakitala ya nzimbe uli kumanzere, osaona kutsogolo, si zinthu.

Imene ingapirire kumudzi kwanu pa zomwe mwatchulazo ndi ML, W164 ya 2005 mpaka 2011 kapena W166 yotsatira. Koma funsani chinthu chimodzi musanalipire, ili pa ma spring wamba kapena pa AIRMATIC? AIRMATIC ndi mashoko a mphepo, pamsewu mumangomva ngati muli pa matilesi, koma matumba ake ndi a labala ndipo akakalamba, kuphatikiza fumbi ndi kutentha kwathuku, amayamba kutaya mphepo, mumadzuka m'mawa nkupeza galimoto yagwada mbali imodzi ngati ng'ombe yodwala. Kukonza kwake ndi madola. Fufuzani ya ma spring. Ndipo ML350 ya petulo imamwa, musadzanamizidwe. Ya dizilo imamwa pang'ono ndipo phiri la Thabwa imakwera ngati palibe, kungoti za BlueTEC zimafuna madzi apadera oyeretsa utsi otchedwa AdBlue komanso zili ndi sefa ya utsi yotchedwa DPF yomwe imatsekeka ngati mumangoyenda timaulendo tating'ono, kunyumba, kuntchito, kumsika. Inu poti mumakwera ku Blantyre pafupipafupi imapeza mpata wodziyeretsa, koma dizilo wa m'zigubu wa m'mbali mwa msewu ameneyo ayi ndithu, ma injector ake salekerera.

Chinanso, Benz iliyonse pa zimenezi ikadwala imafuna kuikidwa pa kompyuta, ndipo makina ake enieni ndi amakaniko ozolowera zimenezi ambiri ali ku Blantyre. Kutanthauza kuti ka sensor kamodzi kakaizimitsa muli ku Sorgin kapena ku Tengani, mukulipira galimoto yoinyamula kukwera nayo phiri lonse lija musanayambe nkomwe kukonza. Ine ndinagula ka OBD scanner kotchipa kolumikiza ku foni, sikaona zonse koma kamandiuza ngati ndingapitirize ulendo kapena ndiime, ndipo crank sensor ya sipeya imakhala mu galimoto nthawi zonse chifukwa imeneyo ikatentha nkufa galimoto siliranso.

Ndiye mukandifunsa ine, ndi ndalama ya Benz yoyamba, tengani W204, C180 kapena C200, makamaka ya 2011 kupita kutsogolo yomwe anaikonzanso mkati, ma rim a 16 kapena 17, ya kumanja, ndipo musathere ndalama yonse pogula, ina isiyeni ya service yoyamba ndi matayala. Kumudzi muzipita nayo chilimwe, dzinja muziisiya pa Nchalo nkukwera zomwe anthu onse amakwera. Ngati kumudziko ndi kwa sabata ndi sabata ndipo simungachitire mwina, dikirani ndalama ikwane ya ML ya ma spring, osati kuthawira ku GLA. Mukapeza yomwe yakusangalatsani ponyani chassis number yake pompano ndi chithunzi cha injini, cha dashboard ili yoliza komanso cha matayala, tiione limodzi musanatumize ndalama.