Adobe Reader 9 ikugwirabe ntchito, nanga ndiichotserenji?

Mayi wina amene ali ndi kashopu kopulinta ndi kufotokopa pafupi ndi msika wa Kapata muno m'Chipata wanditumizira imelo. Akuti kompyuta yawo anaigula kwa munthu, ili ndi Windows 7 ndi Adobe Reader 9, ndipo PDF iliyonse imatseguka bwinobwino. Mwana wawo akuwaumiriza kuti aichotse pulogalamuyo. Funso lawo n'lakuti, chinthu chosawonongeka achitayirenji?

Amayi, mumvereni mwanayo. Reader 9 inatuluka mu 2008, ndipo mu June 2013 kampani ya Adobe inaleka kuikonza. Kuyambira pamenepo, bowo lililonse limene akuba a pa intaneti aipeza nalo palibenso wolitseka. PDF timaiona ngati pepala wamba, koma imatha kunyamula timalamulo ta JavaScript timene Reader imatsatira fayilo ikangotseguka. Cha mu 2009 ndi 2010 imeneyi inali njira imodzi imene akuba ankaikonda kwambiri. Inu maso ali pa CV ya kasitomala, kuseri vairasi yalowa kale, ndipo palibe chimene chikuonetsa kuti kwalakwika.

Chimene chandikhudza kwambiri ndi mtundu wa ntchito yanu. Munthu wongowerenga mabuku ake kunyumba ndikanamuchenjeza pang'ono basi. Koma inu kuyambira m'mawa mpaka madzulo mukulowetsa mafulashi a anthu osawadziwa, ena adutsa m'makompyuta asanu asanafike kwa inu. M'kompyuta yomweyo mwatsalira ma NRC ojambulidwa, makalata a TPIN ochokera ku ZRA, masetifiketi a ana a Giredi 12 ofunsira malo ku koleji. Eni akewo anakusiyirani mapepala awo chifukwa amakukhulupirirani.

Pulogalamuyi sindikuinyoza ayi. Ambirife PDF tinaidziwira pa iyoyo, m'ma internet cafe. Ndipo mavuto ake ndiwo anachititsa Adobe kuti mu November 2010 atulutse Reader X yokhala ndi Protected Mode, kakhola kotsekeramo fayilo kuti ngakhale ikhale yoipa isafikire zinthu zina za m'kompyuta. Reader 9 khola limeneli ilibe. Wina akakubweretserani Reader XI pa fulashi musakondwere, nayonso anaisiya mu October 2017.

Lero lomwe, musanatsegule fayilo ina, tsegulani Reader 9, lowani pa Edit, kenako Preferences, musankhe JavaScript n'kuchotsa chizindikiro pa Enable Acrobat JavaScript. Izi n'zongoyembekezera, chifukwa mabowo ena sadalira JavaScript. Mukapeza intaneti, mwanayo aichotseretu Reader 9 n'kuika SumatraPDF, pulogalamu ina yotsegulira PDF, kuchokera pa webusaiti yake yeniyeni. Ndi yaing'ono, siidya data yambiri, siitsatira JavaScript, ndipo pa ntchito yotsegula ndi kupulinta ikukwanirani.

Windows 7 nayonso Microsoft analeka kuisamalira mu January 2020. Ndikudziwa kuti kompyuta ina ndi ndalama zambiri, choncho poyembekezera, mapepala a makasitomala muziwafufuta madzulo aliwonse musanatseke shopu.