Akuti ku UK kwachuluka okalamba: tigulitse dimba kuti mwana apite?

Mayi wina wa ku Khombedza ku Salima watilembera. Mwana wawo wamkazi anakhoza MSCE ndi mapointi 22 ndipo wakhala pakhomo chaka chathunthu. Tsopano pali bambo wina pa WhatsApp amene akuti ku UK okalamba achuluka, owasamalira akusowa, ndipo iye angathe kumupezera mtsikanayo ntchito ndi viza ngati banja lilipira. Mayiwa akuganiza zogulitsa dimba la mpunga. Akufunsa ngati nkhani ya okalambayo ili yoona.

Mayi, dimbalo musagulitse. Nkhani ya okalamba ndi yoona ndithu, ndipo n'chifukwa chake bodza la munthuyo likukoma m'khutu.

Mayiko olemera akukalamba. Ku Japan anthu pafupifupi 29 mwa 100 alionse ali ndi zaka 65 kapena kuposerapo, ndipo chiwerengero cha anthu m'dzikomo chakhala chikutsika kwa zaka zoposa khumi. Italy ndi Germany nawonso ali ndi okalamba ambiri. Mabanja akubereka mwana mmodzi kapena awiri, pamene anthu akufika zaka 80 ali moyo. Vuto lili pa thumba la boma. Penshoni ya boma m'mayiko ambiri amenewa siichokera m'ndalama zimene wokalambayo anasunga yekha. Imachokera pa zimene akudula kwa amene akugwira ntchito lero. Taganizirani ana asanu amene amasonkherana kudyetsa agogo mmodzi, kenaka n'kutsala ana awiri, agogo n'kukhala awiri. Mtolo ukula, mapewa achepa. N'chifukwa chake Germany ikukweza pang'onopang'ono msinkhu wopumira pantchito kuti ufike zaka 67, ndipo pamene France inkakhazikitsa lamulo mu 2023 lokweza msinkhuwu kuchoka pa 62 kufika 64, anthu anadzaza m'misewu kwa miyezi ingapo. Nayo China inayamba kukweza wake mu Januwale 2025.

Ndiye inde, manja akusowa, makamaka m'zipatala ndi m'nyumba zosungirako okalamba. Koma kusowa kwa manja sikutsegula chitseko kwa aliyense. Ndale za kumeneko zimakoka mbali ina: anthu omwewo amene akufuna wowasambitsa amayi awo ndi amene amavotera zoti alendo achepe. UK inatsegula njira ya viza ya osamalira okalamba mu 2022, mu 2024 inaletsa ogwira ntchitoyi kutenga mabanja awo, ndipo mu Julaye 2025 inatseka njirayi kwa ofunsira atsopano ochokera kunja. Chimodzi mwa zifukwa zake chinali chakuti anthu ambiri analipira madobadoba n'kukafika kumeneko ntchito kulibe. Komanso lamulo la UK sililola wolemba anthu ntchito m'malo mwa makampani kulipiritsa wofuna ntchitoyo. Munthu wanu wa pa WhatsApp mumufunse dzina la kampani ndi mtundu wa viza. Muona momwe ayambire kuzungulira.

Njira zimene zilipo zimafuna pepala ndi chilankhulo. Japan ili ndi viza ya antchito aluso kuyambira 2019, ndipo kusamalira okalamba kuli m'gululo, koma uyenera kukhoza mayeso a Chijapanizi ndi a ntchitoyo. Germany imaphunzitsa unamwino zaka zitatu wophunzira akulandira kangachepe, koma popanda Chijeremani chomveka sakuyang'ana n'komwe. Palibe njira mwa izi imene imayamba ndi kutumiza ndalama pa foni kwa munthu amene simunamuonepo.

Tsono tibwere kwathu, poti ndi kumene ndikufuna mtsikanayu ayang'ane kaye. Malawi ndi dziko la ana. Kalembera wa 2018 anapeza anthu pafupifupi 17.5 miliyoni, theka lawo osafika zaka 18, ndipo a zaka 60 kupita m'tsogolo anali pafupifupi 5 mwa 100 alionse. Vuto lathu si kusowa achinyamata, ndi kusowa ntchito zowapatsa. Komabe okalamba akuchuluka chaka ndi chaka, chifukwa anthu akukhalitsa kusiyana ndi kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000, ma ARV asanayambe kuperekedwa ulere. Ndipo ambiri mwa iwo alibe penshoni. Lamulo la penshoni limati bwana azisonkha 10 peresenti, wantchito 5 peresenti, koma limakhudza olembedwa ntchito. Msodzi wa ku Senga Bay kapena mlimi wa mpunga wa ku Lifuwu akafooka, penshoni yake ndi ana ake, ndipo anawo ali ku Lilongwe kapena ku Joni. Mtukula Pakhomo, amene anayambira ku Mchinji mu 2006, amafikira mabanja osaukitsitsa opanda wogwira ntchito, ndipo ambiri mwa mabanja otere mutu wake ndi agogo olera zidzukulu. Aliyense wa kumudzi akudziwa kuti otsala pa mndandanda ndi ambiri kuposa olembedwa.

Kwa wophunzira, izi zikutanthauza ntchito zenizeni. BP, shuga, sitiroko, maso a ng'ala, mawondo: matenda amenewa akudzaza mabenchi a zipatala zathu, ndipo odziwa mafizo ndi ochepa kwambiri moti wodwala sitiroko ambiri amangogona pamphasa mpaka ziwalo kuuma. Ine ndikanakhala mtsikanayu ndikanayang'ana kumeneko, ngakhale anzake onse akuthamangira unamwino. Yunivesite ya zaumoyo ya Kamuzu (KUHeS) imaphunzitsa mafizo (physiotherapy) ndi unamwino wa digiri, koma mpikisano ndi woopsa ndipo mapointi 22 mwina sangamufikitse. Malawi College of Health Sciences ndi makoleji a CHAM (bungwe la zipatala za mishoni) monga Nkhoma amaphunzitsa unamwino ndi uzamba wa dipuloma. Chimene amayang'ana kwambiri ndi ma credit a English, Mathematics, Biology ndi masayansi ena, osati mapointi okha. Simunandiuze anakhoza bwanji Biology. Ngati pamenepo panavuta, kulembanso maphunziro awiri n'kotsika mtengo kwambiri kuyerekeza ndi dimba. Koleji iliyonse imene musankhe, funsani kaye ku Nurses and Midwives Council of Malawi ngati ili yovomerezeka, chifukwa popanda kulembetsedwa ndi bungweli sangagwire ntchito ya unamwino kuno, ndipo kunja amayambira kufunsa pepala lomwelo.

Ndisakunamizeni: anamwino ena amamaliza sukulu n'kudikira nthawi yaitali boma lisanawalembe. Koma wodikira ali ndi laisensi m'manja akhoza kuyamba pa chipatala cha mishoni kapena cha munthu, n'kuphunzira chilankhulo madzulo ngati mtima wa kunja ukadalipo pakatha zaka zingapo.

Chomaliza, mumufunse mwanayo ngati ntchitoyi akuifunadi. Kusamalira wokalamba ndi kumutembenuza usiku, kumusintha zovala zonyowa, kuyankha funso lomwelo kakhumi osakalipa. Ngati pakhomo pali agogo amene afooka, mumusiyire iyeyo kwa mwezi umodzi, inu muzingoonerera. Mukatero mutilemberenso, ndipo mutumize ndi magiredi ake a phunziro lililonse.