Za Jonas Mekas ndi kamera yake yogwedera ija

Achimwene, mwati mwaonera filimu ya Jonas Mekas pa YouTube, zithunzi zikungogwedera, nkhani yosaoneka mutu wake, ndiye mukufunsa ngati imeneyi ndi documentary kapena munthu ankangoseweretsa kamera. Mkulu ameneyu ine ndimamukonda kwambiri ndiye mundilole nditalikitseko.

Anabadwa 1922 kumudzi ku Lithuania, mwana wa mlimi. Mu 1944 iye ndi mng'ono wake Adolfas anagwidwa ndi ma German n'kukawatsekera kukampu ya ntchito yakalavulagaga ku Elmshorn pafupi ndi Hamburg, nkhondo itatha anakhalanso m'makampu a anthu othawa kwawo mpaka 1949 pomwe anafika ku New York. Atangofika anabwereka ndalama n'kugula kamera ya Bolex ya 16mm, ndipo zomwe mwaonazo zinayambira pamenepa. Kamerayi ilibe batire, umachita kupukusa ngati wotchi yakale ija, imajambula masekondi osakwana 30 n'kuima, mawu sijambula, filimunso inali yodula ndiye ankangotapa pang'onopang'ono, pena kachithunzi kamodzikamodzi. Masana ali kuntchito, akapeza mpata wajambulako chipale chofewa mumsewu, anzake akudya, ana akusewera, n'kusunga zaka ndi zaka. Kenako amalumikiza tizidutswa tija n'kuikapo mawu ake akuyankhula yekha usiku. Ndi dayale imeneyo, buku lija munthu amalembamo za moyo wake tsiku ndi tsiku, kungoti inalembedwa ndi kamera. Filimu yake ya Walden ya 1969 ndi maola atatu a zimenezi.

Koma yomwe inandigwira mtima ndi Reminiscences of a Journey to Lithuania ya 1972. Anabwerera kumudzi patatha zaka 27 asanawaone mayi ake, ndiye umangoona gogoyo akuphika panja, abale akumwa madzi a pachitsime, palibe wofotokoza kuti apa pakuchitika zakuti, kamera ikunjenjemera m'manja mwake ndipo iwe woonera umamva kuti munthuyu akufuna kuona zonse nthawi imodzi zisanamuthawenso. Amene munakhalitsako ku Joni n'kubwerera kumudzi mukudziwa momwe maso amachitira tsiku loyamba lija. Akanaika kamera pa tripod, choimikira cha miyendo itatu chija, zonsezo zikanafa.

Sanali wongojambula ayi. Poona kuti malo oonetsera mafilimu sakulandira mafilimu otere, iye ndi anzake anayambitsa Film-Makers' Cooperative mu 1962 kuti azigawa okha ntchito zawo, kenako Anthology Film Archives, nyumba yosungira ndi kuonetsera mafilimu, mu 1970 yomwe ilipo mpaka pano ku New York. Mu 2007, ali ndi zaka zoposa 80, ankaika kafilimu kamodzi tsiku lililonse pa intaneti chaka chonse. Anamwalira January 2019 ali ndi zaka 96.

Yambani ndi ya ku Lithuania ija, usiku kukakhala zii, musamadumphe, ndipo musafunefune nkhani, muzingoyang'ana nkhope za mayi akewo. Mukamaliza mubwere mutiuze muno mwaiona bwanji.